Mawondo a Mlendo

Azakhali anga sindinawaonepo atakhala pansi mpaka nditakwanitsa zaka makumi atatu ndi chimodzi. Sindikukokomeza. Kudya ankadya chiimire, mbale ili m'manja, maso ali kukhomo ngati pali wina akuwadikira panja. Tiyi ankamwa akuyenda. Ngakhale kumaliro, kumene aliyense amafuna pokhala, iwo ankapeza chowaimitsa: kutunga madzi, kutsuka makapu, kulondolera anthu njira imene akuidziwa kale. Kugona ankagona ndithu, koma mwina ndinene kuti ankangogwa, chifukwa pakati pa kuimirira ndi kugona panalibe china. Ukawauza kuti apumeko, yankho linali limodzi: "Ndili pa ulendo."

M'tauni mwathu palibe ankawatchula dzina lawo lenileni. Onse ankati Amakwerero, poti m'mawa uliwonse ankadutsa pabwalo atasenza makwerero aatali paphewa, ndowa ili kudzanja, akupita kukatsuka Mlendo.

Inu amene simunafikeko kwathu, ndikufotokozereni. Pakati pa tauni pali bwalo, ndipo pabwalopo pali chosema chimene sanaseme munthu. Akuluakulu amati anthu anangodzuka tsiku lina n'kuchipeza chitaima pamene dzulo lake pankagulitsidwa mbuzi. Palibe anamva phokoso, ndipo pansi panalibe mapazi osonyeza kumene chachokera. Kutalika kwake kunkaposa nyumba yosanja. Chinali ndi miyendo itatu yowongoka ngati mapolo a magetsi, thupi lopyapyala, ndi dzanja limodzi lokha la zala zisanu ndi ziwiri, lokwezedwa kumwamba, chikhatho chili chagada. M'chikhathomo simunkauma madzi, ngakhale dzuwa liswe mtengo. Nkhope chilibe. Pamene pakanakhala nkhope pali bowo lalitali, ndipo mphepo ikawomba mumatuluka kamawu konga ka munthu woimba pakamwa atatseka. Si mwala, si chitsulo. Kunja kukatentha chimazizira, kukazizira chimafunda. Anthu anachitcha Mlendo poganiza kuti mlendo ndi mame, sachedwa kukamuka. Koma mame awa anakana kukamuka. Kuyambira pano ndizimutchula ngati munthu, poti azakhali ankatero.

Tauni yonse inkadyera pa Mlendo. Ojambula zithunzi, eni nyumba zogona alendo, a magalimoto, ndi aja ogulitsa madzi a m'chikhatho chake m'mabotolo, ngakhale tonse tinkadziwa kuti ambiri anali a pampopi. Inenso ndisadziyeretse. Ndine telala, shopu yanga ili moyang'anizana ndi bwalo, ndipo theka la ntchito yanga linali kusoka tizidole ta miyendo itatu.

Ntchito ya azakhali inali yotere. M'mawa uliwonse, chapakati pa mwendo uliwonse wa Mlendo, pankapezeka zinthu zobiriwira ngati ndere zitazungulira mwendowo. A khonsolo anati n'zonyansa, alendo asamazione. Ndiye azakhali ankakwera makwerero n'kukwecha ndi bulashi ya waya ndi mchenga mpaka mwendo uwale, kenako kusuntha makwerero, mwendo wachiwiri, kenako wachitatu. Mawa lake ndere ija yabwereranso. Ntchitoyo inkabwera ndi nyumba, zipinda ziwiri kuseri kwa ofesi ya khonsolo, momwe ine ndinakuliramo. Lamulo lake linali lodziwika: ukatula makwerero, watulanso kiyi.

Ntchitoyi palibe ankailimbirana. Munthu akagwira Mlendo kwa kanthawi, dzanja limachita dzanzi mpaka m'phewa, masiku atatu osatha kugwira supuni. Azakhali anapirira dzanzi limenelo mpaka manja awo anasiyiratu kumva. Ankaphula poto pamoto ndi manjamanja. Ndili mwana ndinkaitana anzanga kuti adzaone, ndikunyadira. Nditakula m'pamene ndinazindikira kuti akamandisisita mutu sankamva chimene akhudza.

Iwo sanabwere kwathu kudzakhala. Anali munthu wodutsa. Ali ndi zaka makumi awiri ndi ziwiri anapeza ntchito yophika pa sitima zapamadzi zonyamula katundu, kudoko lina lakutali limene ankalitchula mwaulemu ngati dzina la mpongozi. Analongedza sutikesi, nagula tikiti, nati adzere kwa mlongo wawo, bambo anga, kudzatsanzika. Anapeza mayi anga ataikidwa masiku anayi apitawo, ine ndili wa miyezi iwiri ndikulira pabedi, bambo atangogwira mutu. Anati akhala sabata imodzi. Sabatayo isanathe, bambo anati akukafuna ntchito kumigodi, abwera mwezi ukatha. Mpaka lero mwezi umenewo sunathe.

Sutikesi ija anaiika pamwamba pa kabati osaimasula. Zovala za tsiku ndi tsiku anachita kugula zina, kuopa kusokoneza zolongedza. Kamodzi pa mwezi ankaitsitsa, kuipukuta fumbi, kuibwezera. Ndikafunsa kuti muli chiyani, ankati, "Muli za eni ake."

Ndisaname, ine zimenezi zinkandinyansa. Munthu wakulera, ukumukonda, koma tsiku ndi tsiku akukukumbutsa kuti akungodutsa. Ndinkadziona ngati munga umene unakola nsalu yawo panjira. M'nyumba mwathu munali mipando iwiri. Wina unali wanga, winawo tinkaunjikapo zovala zochapa. Panalibe tsiku limene ndinaonapo cholakwika pamenepo.

Chaka chathachi, nthawi ya mvula, makwerero anaterereka azakhali ali pamwamba. Anathyoka mwendo chakumunsi. Kuchipatala azakhali anakana kukhala pa njinga ya odwala, anachita kuwanyamula pamachira chogona. Anawamanga chikhakha, dokotala nati masabata asanu ndi limodzi osaponda. Kunyumba, akatopa kugona, ankaima ndi mwendo umodzi ngati kakowa, atagwirira zenera. Pazenerapo pankaoneka dzanja la Mlendo lokha, pamwamba pa denga la ofesi. Miyendo sinkaoneka.

Kapitawo wa khonsolo anaika mlamu wake kuti agwirizire ntchitoyo. Anali bambo wa kamimba kake, woopa dzanzi kuposa njoka. Ankafika, kuwaza madzi ali pansi, kuyang'ana uku ndi uku, n'kumapita. Ine ndinkaona zonsezo ndili pamakina anga. Ndinkaonanso ndere ija ikukula tsiku ndi tsiku. Koma madzulo azakhali akandifunsa kuti, "Watsuka?" ndinkayankha kuti, "Watsuka." Ndinkadziwa kuti ndikanena zoona adumpha ndi mwendo umodzi mpaka pabwalo.

Chikhakha chitachoka, mwendo wawo unali utauma ngati chikuni. M'mawa uliwonse ndinkatenthetsa madzi n'kuwathowa ndi thaulo, iwo ataima, atatsamira khoma, akundilalatira kuti ndikuchedwetsa. Tsiku lachitatu anati basi, ndatopa kuona dzanja lokha. Anasenza makwerero, akutsimphina, ine ndikuwatsatira ndi ndowa.

Titafika pabwalo anaima. Ndere ija inali itauma n'kusanduka zotupa, pa mwendo uliwonse chimodzi, kukula ngati ndowa yomwe ndinanyamulayo, zolimba, zamtundu wofanana ndi thupi lonse. Anandiyang'ana, ine ndinayang'ana pansi. Anaimika makwerero, ine ndinagwirira, nakwera pang'onopang'ono. Anakhalitsa pamwambapo. Ndinawaona akuzungulira ndi maso kutsogolo ndi kumbuyo kwa chotupacho, kenako akugunditsa tsaya lawo pamenepo, poti manja sakanawauza kanthu.

Atatsika nkhope yawo inali ina.

"Mwanangu, ili si litsiro," anatero.

"Nanga n'chiyani, azakhali?"

"Kumbuyo kuli khwinya, kutsogolo kuli fupa lobulungira. Ndipo mukugunda, ndamva ndi tsaya langali. Awa ndi mawondo." Anapukuta manja pa siketi, ngakhale anali ouma. "Zaka zonsezi ndakhala ndikumukwecha mawondo. Iye ameretse, ine ndichotse. Iye ameretse, ine ndichotse."

Pakamwa panga sipasunga, ndikudziwa. Ndinangonong'oneza wojambula zithunzi mmodzi, mnansi wanga wa shopu, ndipo dzuwa lisanafike pamutu tauni yonse inali itamva. Anthu sanachedwe kuwerengera: mawondo ndi oyendera, ndiye kuti Mlendo akufuna kuchoka. Eni nyumba zogona alendo anapita ku khonsolo chigulu. Wina anati timumange ndi unyolo, wina anati tithire simenti kumapazi. Mayi wina wogulitsa madzi a m'mabotolo anayamba kulira pomwepo ngati walandira uthenga wa maliro.

Lolemba masana a Kapitawo anagogoda kwathu. Ndinathamanga kukachotsa zovala pampando uja kuti akhale. Anakhala, naika patebulo phukusi lokulunga m'nyuzipepala. Munali nyundo ndi chitsulo chakuthwa chogobera. Azakhali anali ataima pakhomo la kuchipinda.

"Amakwerero, zija mwazimva," anatero a Kapitawo. "Khonsolo yagwirizana kuti zotupazo zichoke."

"Si zotupa, a Kapitawo. Ndi mawondo."

"N'chifukwa chake zichoke. Mukufuna tidzuke tsiku lina tipeze pabwalo pali zii? Ana a anthu adya chiyani?"

"Mlamu wanu uja osakagoba bwanji? Si wazolowera ntchito?"

A Kapitawo anatsokomola. "Mayi, tisanamizane. Wina aliyense akamenya kawiri, nyundo imugwa m'manja. Manja ake ndi anuwo basi."

"Ndikakana?"

"Lachisanu m'mawa. Likadutsa Lachisanu, kiyi wa nyumba ino mukamusiye ku ofesi. Sindikukuopsezani ayi, inenso ndangotumidwa."

Atatuluka, ndinabwezera zovala pampando paja.

Masiku atatu otsatirawo m'nyumba munalibe mtendere. Azakhali anatsitsa sutikesi ngakhale silinali tsiku lopukuta, naiika pafupi ndi chitseko. Ankatuluka, kuzungulira bwalo, kubwerera, kutsegula kabati, kutseka, kutulukanso. Phukusi la a Kapitawo ankalisuntha: patebulo, pansi pa bedi, pazenera, patebulo. Mlendo sankamutsuka. Ankangoima pansi pake, mutu uli m'mwamba, anthu akuwayang'ana ngati munthu wosunga mfuti. Inenso pamakina ntchito sinkayenda. Ndinasoka kachidole ka miyendo inayi osazindikira, kenako ndinadula mkono wa malaya a kasitomala m'malo mwa kolala.

Lachinayi ndinalephera kupirira. Ndinawapeza kukhitchini akutsuka makapu.

"Azakhali, mawa mukagoba eti?"

"Iwe ukuona bwanji?"

"Ine ndikuona nyumba. Ndikuona shopu yanga. Akachoka, tizidole tanga agula ndani? Tikagona kuti?"

"Ndiye ndimuthyole miyendo kuti iwe uzisoka tizidole."

"Si munthu uja, azakhali. Ndi chinthu."

"Chinthu chimene chayesa tsiku ndi tsiku zaka zonsezi osagwa ulesi. Iwe unayesapo chiyani kawiri?" Anaika kapu pansi. "Akayenda, ndimutsata. Kumene apite ndi komweko. Ndaima naye nthawi yaitali."

Apa mtima wanga unaphulika. "Ndiye pitani. Munayamba kale kupita. Ine ndinakula mukupita, ndinaphunzira kusoka mukupita. Pitani, mwina ndipumeko kumva za ulendo."

Anatenga kapu yomwe anali atatsuka kale n'kuyambanso kuitsuka. Ine ndinatuluka kupita ku shopu, ndinakhala kuseri kwa nsalu, ndinalira. Za nyumba ndi tizidole zinali zoona, koma sizimene zinkandiliza. Ndinkaopa kusiyidwa. Ndinali mayi wamkulu wa shopu yake, koma mantha anga anali a mwana uja analira pabedi.

Lachisanu m'mawa anandiuza kuti nditenthetse madzi, poto wamkulu. Ndinayesa ndi a mwendo wawo. Koma anati ndithire mundowa, nditenge thaulo, ndiwatsate. Iwo anasenza makwerero paphewa, phukusi la a Kapitawo kukhwapa, sutikesi kudzanja. Sindikudziwa kuti ananyamula bwanji zonsezo ndi mwendo wotsimphina. Nditati ndiwalandire china, anakana.

Pabwalo panali patadzaza. Mashopu anali otseka, ana a sukulu atathawa m'makalasi, ojambula ataimika makamera awo. A Kapitawo anali kutsogolo, atavala jekete ngakhale kunkatentha. Anthu ataona sutikesi anayamba kunong'onezana. Azakhali anaiika pansi, naimika makwerero pa mwendo woyamba, nakwera ndi phukusi lija. Ine ndinagwirira makwerero.

Anamasula nyuzipepala. Anaika chogobera pa bondo, pamene pali khwinya, nakweza nyundo. Pabwalo ponse panali chete, kupatula kamawu kaja kochokera kubowo la Mlendo. Anakhala choncho, dzanja lili m'mwamba, mpaka khosi langa linayamba kuwawa. Kenako anatsegula chikhatho. Nyundo inagwa pafupi ndi nsapato ya a Kapitawo, chogobera chinatsatira.

"Mwanangu," anatero osayang'ana pansi, "ndipatse madziwo."

Ndowa inali pamapazi anga, ikutuluka nthunzi. Anthu onse anatembenukira kwa ine. Mnansi wanga wojambula uja anapukusa mutu kuti ndisatero. Ndikanatha kuigunda ndi phazi, madzi n'kutayika, n'kunena kuti ndi ngozi. Ndinaganizadi zimenezo, sindibisa. Koma ndinakumbukira mwendo wawo m'manja mwanga, mmene unkafewera pang'onopang'ono pansi pa thaulo. Ndinanyamula ndowa, ndinakwera masitepe anayi, ndinawapatsira.

Ananyika thaulo m'madzi otenthawo ndi manja awo osamva aja, nafinya, nayamba kuthowa bondo la Mlendo. Kutsogolo, kumbuyo, m'mbali. Ankalankhula motsitsa, mawu omwewo amene ine ndinkawauza kunyumba: "Pang'onopang'ono. Musafulumire. Ziwawa poyamba pokha."

"Mayi, mwadzichotsa nokha ntchito," anatero a Kapitawo.

"Kiyi ali pa sutikesipo, tengani," anayankha azakhali, akufinya thaulo.

Palibe anayesa kuwatsitsa. Anthu ankalalata, ena ankatukwana, koma aliyense ankaopa kuyandikira. Tinasuntha makwerero kupita pa mwendo wachiwiri, kenako wachitatu. Madzi anali atayamba kuzirala pamene tinamva phokoso, lofanana ndi la chitseko chachitsulo chimene sichinatsegulidwe zaka zambiri. Linachokera m'bondo loyamba lija.

Bwalo linaphwa anthu nthawi yomweyo. Ndinaona a Kapitawo akudumpha ngalande, jekete ili m'manja, mlamu wawo atawasiya kutali. Azakhali anatsika mosathamanga. Anakonza mpango wawo kumutu, nanyamula sutikesi, naima pafupi ndi mwendo wakutsogolo, nkhope yawo italoza msewu wotuluka m'tauni. Ine ndinatsala nditakumbatira makwerero. Ndinkafuna ndione akamapita.

Bondo loyamba linapindika. Lachiwiri linatsatira, kenako lachitatu. Tinkadikira kuti phazi linyamuke, koma silinanyamuke. Mlendo anayamba kutsika. Ankatsika pang'ono, kuima, kutsikanso, mafupa ake akulira. Zinatenga ngati ola lathunthu. Anaphwanya unyolo wotchinga umene khonsolo inaika momuzungulira, anaphwanyanso tebulo la wojambula uja. Pomaliza thupi lake linafika pansi, nthaka inagwedezeka pang'ono, mawondo atatu aja ali m'mwamba. Kubowo kuja kunatuluka mpweya wautali wofunda umene unaulutsa mapepala onse pabwalo. Dzanja lija, limene linakhala m'mwamba chiyambire, linatsika n'kutsamira pa bondo. Madzi a m'chikhatho anakhuthuka, nayenderera mpaka kunyowetsa mapazi athu.

Mlendo anali atakhala pansi.

Azakhali anadikira, sutikesi ili kudzanja. Mwina akupuma kaye, ndinaganiza, ndipo ndikhulupirira nawonso ankaganiza choncho. Anthu anayamba kusuzumira m'makona a nyumba.

"Tiyeni," anatero azakhali.

Mlendo sanasunthe.

"Tiyeni, bambo inu. Msewu ndi uwu."

Kamawu kaja kanayambiranso kubowo, kofatsa kuposa kale. Azakhali anaponya sutikesi pansi.

"Basi? Zaka zonsezi kumera mawondo, nkhani yake inali imeneyi? Ine ndataya nyumba, ndakangana ndi mwana wanga, kuti inu mukhale pansi?"

Wina kumbuyo anaseka, ena anatsatira, kuseka kwa anthu amene mantha awachoka. Mayi wa mabotolo uja anali atayamba kale kutunga madzi pansi. Koma azakhali sanaseke. Anayandikira, nayang'ana thupi lija limene tsopano linali pafupi, loti munthu n'kulitsamira. Atalankhulanso mawu awo anali otsika, ndipo ndikhulupirira ndinamva ndine ndekha.

"Anafika ali wotopa, kaya kuchokera kuti. Tinamujambula, tinamugulitsa, tinamutsuka mpaka kumusupula. Palibe ndi mmodzi yemwe anati, mwayenda ulendo wautali, khalani apa."

Ankanena za Mlendo, maso awo ali pa Mlendo. Sankandinena ine, azakhali si munthu wolankhula mokuluwika. Koma mawuwo anandilowa mpaka m'mafupa. Ndinakumbukira mmene ndinathamangira Lolemba kukachotsa zovala pampando chifukwa cha a Kapitawo, munthu wobwera ndi nyundo. Ndinachita manyazi amene sindinachitepo chibadwire.

Ndinasiya makwerero kugwa. Ndinathamanga kuseri kwa ofesi, ndinalowa m'nyumba poti sitinakiye, ndinakankhira zovala zonse pansi, ndinasenza mpando uja pamutu. Anthu ankandipatukira, akuyesa ndapenga. Ndinauika pambali pa Mlendo, pamthunzi wa bondo lake.

"Azakhali, khalani pansi."

"Ndili pa..."

"Ndikudziwa. Khalani kaye."

Anauyang'ana mpandowo ngati galu wachilendo amene sakudziwa ngati aluma. Anaugwira, naugwedeza kuona ngati ndi wolimba. Kenako anatembenuka, napinda mawondo, nawonso analira ngati a Mlendo. Anakhala m'mphepete penipeni, msana uli chilili, okonzeka kudzuka. Patapita nthawi anasendera m'mbuyo, natsamira. Anatulutsa mpweya wautali. Ine ndinakhala pansi pamatope pafupi ndi miyendo yawo, ndinati pepani, sindikudziwa ngati anamva. Anayamba kundisisita mutu monga ankachitira kale, kenako anasiya. Anawerama, nagunditsa tsaya lawo pamutu panga, nakhala choncho.

"Kodi umafunda chonchi," anatero.

Ndere sinamerenso, ndiye ntchito yotsuka inathera pomwepo. Kiyi a Kapitawo anatengadi. Tinasamukira m'kachipinda ka kuseri kwa shopu yanga, kopapatiza koti ukayetsemula ugunda khoma. Alendo sanachepe, achita kuchuluka, poti tsopano akutha kujambulitsa atatsamira Mlendo kwa kamphindi, dzanzi lisanawagwire. A Kapitawo amauza aliyense kuti maganizo othowa anali awo. Ine ndinachita kusintha tizidole tonse kuti tizikhala pansi.

Azakhali anakhala pampando uja masabata atatu, pakhomo pa shopu, akuyang'ana bwalo. Sindinene kuti anasanduka munthu wodekha. Phazi lawo linkangogunda pansi ngati akupalasa makina, ndipo ankalangiza aliyense wodutsa mmene anganyamulire katundu wake. Koma anakhala. Mawu aja a ulendo sanawatchulenso, ndipo chimenecho n'chimene chinayamba kundivutitsa ine.

Tsiku lina ndinatenga sutikesi ija ndekha n'kuiika pamiyendo pawo. Ndinati eni ake atsegule. Loko inali itachita dzimbiri, tinachita kuthyola ndi sizasi. Munali madiresi awiri a mtsikana woonda, nsapato zimene zikopa zake zinali zitang'ambika zokha, epuloni yoyera yosavalidwapo, ndi tikiti imene zilembo zake zinafufutika. Azakhali anatambasula diresi limodzi, la maluwa achikasu, naliyerekeza pathupi. Tonse tinaseka mpaka misozi.

"Ili lingalowe mwendo umodzi," anatero.

"Ndine telala, azakhali. Vulani juzi ndikuyezeni."

Ndinaphatikiza madiresi awiriwo kukhala limodzi. Sindinasokepo chovala mosamala choncho. Kenako ndinapita kukagula tikiti ya basi yopita kudoko kuja, mpando wa pazenera. Sitima zawo zija sizingalembe ntchito munthu wa zaka makumi asanu ndi zitatu wotsimphina, tonse tinkadziwa. Koma doko lilipo, ndipo maso awo akuona bwino.

Pa depoti, atavala diresi lija, anasuzumira m'basi mokayikira.

"Ndi maola angati?"

"Khumi ndi anayi."

"Onsewo chikhalire?"

"Onsewo."

Anaganiza pang'ono. "Ndiyesa," anatero. Anakwera, nakhala, natsegula zenera. Sanandiuze tsiku lobwera, inenso sindinafunse. Basi itanyamuka ndinaima pomwepo mpaka fumbi linatha, kenako ndinabwerera ku shopu kudzera pabwalo.

Mpando uja uli pakhomo pomwe anausiya. Makasitomala akafuna kukhalapo ndimawapatsa wanga. Zovala sindiunjikapo.